Wayilesi ya Madala Dale

Anthu kuno akandifunsa ntchito imene ndinkagwira ku Canada, ndimangoti ya m'nyumba zosungiramo katundu. Si bodza, poti ndinayambira kumeneko. Koma zaka zambiri ndinazithera m'kanyumba kena ku Oshawa, kusambitsa ndi kudyetsa mzungu wokalamba dzina lake Dale, amene kale anali muulutsi pa wayilesi ya nyimbo za kantire. Zimenezi sindizikamba kawirikawiri. Munthu wamkulu kuuza anzake pa bawo kuti anakwera ndege kukasintha matewera a nkhalamba, nkhaniyo imathera m'phwete.

Ndisanapite ndinali dalaivala wa basi pa msewu wa Blantyre ndi Lilongwe. Kampani itagwa ndinakhala pakhomo nthawi yaitali, mpaka msuweni wanga wa ku Etobicoke anandiitana ngati mlendo wokacheza. Mkazi wanga Esinati ndinamuuza kuti sindikakhalitsa, ndikangopeza ya malata ndi ya fizi basi ndibwera. Mwana wathu woyamba, Tamanda, anali asanalembe mayeso a sitandade eyiti. Mng'ono wake Yamikani anali wa msinkhu womakanirira pa mwendo munthu ukamatuluka.

Ku Etobicoke ndinkagona m'chipinda cha pansi pa nyumba, chimene kumeneko amati besimenti, pamodzi ndi anyamata ena a ku Dedza ndi ku Thyolo. Ndege zinkadutsa pamwamba pathu tsiku lonse, mpaka makapu ankalira m'kabati. Ntchito ndinaipeza ku Mississauga, yotsitsa makatoni m'mathiraki. M'nyengo yozizira chitseko cha thiraki chikatseguka, mphepo yake inkalowa mpaka m'mano. Chilolezo changa cha ulendo chinatha ndili pomwepo. Loya amene anzanga anandilozera anati nkhani ya mapepala itheka, koma ndisayerekeze kutuluka m'dzikomo, chifukwa ndikatuluka sindidzalowanso. Ndinayamba kudikira. Kenaka msana unandigwira, ndipo kapitawo anasiya kundiimbira foni.

Amene anandipulumutsa ndi Mai Tembo a ku Chipata, amene tinkapemphera nawo limodzi. Iwo anali atagwira ntchito yosamalira okalamba kwa zaka zambiri. Tsiku lina titaweruka ku tchalitchi anandikokera pambali, nati kuli nkhalamba ina ku Oshawa imene yathamangitsa kale azimayi angapo, ndipo mwana wake akufuna munthu wamwamuna wogona konko.

"Ni munthu wovuta, a brother, siningakunameni," anatero m'Chinyanja chawo cha ku Zambia. "Koma chipinda ni chaulere. Mufuna olo simufuna?"

Ndinavomera.

A Dale anali munthu wamtali, wa mafupa akuluakulu. Sitiroko inawapha mbali ya kumanja, ndipo pakamwa panapotoka, moti mawu ankatuluka ngati munthu wavumata phala. Mkazi wawo anali atamwalira kalekale. Mwana wawo yekhayo, Karen, ankakhala kutali kumadzulo kwa dzikolo, ulendo wa pa ndege. Masabata oyamba sitinamvane. Ine Chingerezi chawo sindinkachimva, iwonso changa ankachita ngati sakuchimva. Tsiku lina anandigenda ndi kapu ya tiyi. Ndinakolopa, n'kupita kubafa kukakhala pa chivundikiro cha chimbudzi mpaka mtima utatsika.

Zinasintha m'mawa wina ndikuwameta ndevu. Mosadziwa ndinayamba kuimba kaluzu, nyimbo ina yakale imene ndinkakonda kuika m'basi tikamakwera mapiri a ku Ntcheu. Madalawo anandigwira mkono ndi dzanja lawo lamoyo lija, lezala ili m'malere, nandifunsa kumene ndinaimva nyimboyo. Ndinawauza kuti kwathu nyimbo za kantire ndi za aliyense. Madalaivala timayenda nazo, m'mabotolo sitolo zimalira, ndipo Lamulungu masana azibambo amakhala pansi pa mtengo wa mango, wayilesi pa mwendo, kumvera azungu a zipewa zikuluzikulu akudandaula za akazi amene anawathawa. Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenaka anaseka mpaka sopo analowa m'kamwa. Atatsokomola anandilozera chitseko cha ku besimenti kuti ndikaone.

Kunali malekodi khoma lonse, kuchokera pansi kufika kudenga. Kuyambira tsiku limenelo anasiya kunditchula dzina, ankangoti "Dalaivala."

Mbiri ya wayilesi yawo sanandiuze tsiku limodzi. Inkabwera pang'onopang'ono, lero powadyetsa, mawa powakankha pa njinga yawo ya olumala kupita ku paki, ndipo mawu ena ndinkachita kuwabwereza kuti avomere ndi mutu ngati ndamva bwino.

Amene anaiyambitsa ndi mkulu wina wogulitsa chakudya cha nkhuku ndi zitsulo za mathirakitala. Iye za nyimbo analibe nazo ntchito, ankangofuna poti azilengezera malonda ake. Choncho anakonza kachipinda pamwamba pa sitolo, naimika mlongoti wachitsulo m'munda wa chimanga kunja kwa tauni. A Dale analowa ntchito kumeneko ali mnyamata. Ankati m'chilimwe fungo la chakudya cha nkhuku linkakwera kudzera m'mipata ya matabwa, ndipo thiraki ikamatsitsa matumba pansipo, singano inkadumpha pa lekodi omvera n'kumaimba foni kutukwana.

Poyamba omvera anali alimi. Kenaka fakitale ya magalimoto inakula, ndipo ku Oshawa kunadzaza amuna ochokera kum'mawa kwenikweni kwa dzikolo, ku nyanja yamchere. Ambiri anali asodzi ndi a m'migodi amene kwawo ntchito inawathera. Anasiya akazi ndi ana, n'kumagona ambirimbiri m'chipinda chimodzi. Pologalamu ya a Dale inkayamba m'mamawa, nthawi imene amunawo ankamwa tiyi kuti apite ku shifiti. Ankaimba foni kupempha nyimbo, aliyense kutchula dzina la mkazi wake ndi mudzi wa kwawo. Chonsecho mawu a wayilesiyo sankafika n'komwe kumidziko. Ndinafunsa kuti nanga ankapempheranji. A Dale anati munthu ankangofuna kumva dzina la mkazi wake likutchulidwa ndi pakamwa pa wina.

Panali mmodzi amene sabata iliyonse ankapempha nyimbo imodzimodziyo, ya mkazi wake. Anachita zimenezo kwa zaka. Tsiku lina anaimba foni n'kunena kuti nyimbo ija asadzaiikenso, ndipo anadula. Madala atafika pamenepo anandiyang'ana. Ine ndinanyamula mbale kupita nazo ku sinki. Ndinali nditazindikira kuti azungunso ali ndi matchona awo.

Mwini wake uja atamwalira, ana ake anagulitsa wayilesiyo kwa kampani ina ya mu Toronto. Anaisamutsira m'nyumba ya magalasi, mawu ake n'kumamveka bwino mpaka ku Mississauga. A Dale ankavomera kuti zaka zoyamba zinali zabwino. Ankaitanidwa ku zionetsero za ng'ombe, oimba otchuka ankabwera kudzacheza nawo, ndipo mumsewu anthu ankawazindikira ndi mawu okha. Koma mabwana atsopanowo anayamba kuwalembera nyimbo zoti aziika. Za kale zija anati ndi za anthu amene sagulanso kanthu. Anawachepetsera nthawi yolankhula, mafoni a omvera anawaletsa. Nthawi yomweyo fakitale inayamba kuchotsa anthu, ena anabwerera kwawo, ena anakalamba momwemo m'tauni. Kenaka kunabwera kompyuta yosankha yokha nyimbo.

Tsiku lawo lomaliza sanalidziwe. Anamaliza pologalamu monga mwa masiku onse, nauza omvera kuti tikumana mawa. Potuluka anaitanidwa ku ofesi, ndipo anapeza katoni itawadikira, kapu yawo ndi zithunzi zili kale m'katimo. Mlonda anawaperekeza mpaka pa galimoto. Zaka zonse zimene ndinakhala nawo, chimene chinkawawawa kwenikweni si ntchitoyo ayi. Ankati ananamiza anthu, anawauza kuti mawa, osatsanzika.

Ngakhale zinali choncho, wayilesi ya pa firiji inkakhala pa siteshoni yomweyo. Nyimbo zatsopano ankazinyoza, ati ng'oma zachuluka, koma ndikayesa kusintha ankamenya tebulo.

Uku kwathu moyo unkapita. Zimene ndinkatumiza zinagula malo ku Machinjiri, ndipo nyumba ndinaiona ikukwera pa zithunzi za pa foni. Poyamba ine ndi Esinati tinkacheza mpaka foni kutentha. M'kupita kwa zaka zokamba zinayamba kuchepa, zinatsala za simenti, za fizi, za amene wadwala. Yamikani akapatsidwa foni ankangoti "ee" ndi "ayi." Mayi anga atamwalira, maliro ndinawaonera pa foni ndili m'khitchini mwa a Dale. Mphwanga anagwirizira foniyo m'mwamba kumanda, koma chithunzi chinkaima, ndipo pamene chinkabwerera anali atakwirira kale. Madala anandituma kukatenga lekodi ina kunsi, ya nyimbo zauzimu za gitala. Tinakhala awiriwiri kumvera, iwo atandigwira paphewa. Pa ukwati wa Tamanda, amene anamuperekeza kutsogolo ndi mchimwene wanga. Loya ankangoti tidikire, zinthu zikuyenda.

Chaka china, masamba atayamba kugwa, Karen anaimba foni ndi nkhani. Wayilesi ija inali itagulitsidwanso, ndipo eni atsopano anaganiza zosiya nyimbo za kantire kuti azingoulutsa nkhani ndi za pamsewu. A ku wayilesiko ankafuna aulutsi akale onse amene anali moyo abwere adzajambulitse mawu otsanzika, kuti adzawaulutse tsiku lomaliza. Karen ankaona kuti bambo ake sangathe, ndipo ankafuna kuwakanira. Madala anamva zonse pa sipika. Anakuwa mawu amodzi okha, ndipo anatuluka bwinobwino: "Ndipita."

Tinayamba kukonzekera. Zimene ankafuna kunena zinali zazifupi: dzina lawo, kuthokoza anthu chifukwa chowamvera, kupepesa kuti anachoka osatsanzika, ndi kuwafunira ulendo wabwino popita ku ntchito. Koma lilime linkakana. M'mawa uliwonse akamaliza phala ndinkawagwirira supuni kutsogolo kwa pakamwa ngati maikolofoni, iwo n'kumayesa. Mawu ena ankatuluka, ena ankakanirira, malovu akutsikira pa chibwano. Akakwiya ankagwetsa supuniyo, ine n'kutola, kuyambiranso. Sindinawaonepo ali ndi mphamvu ngati masiku amenewo. Anayamba kudya bwino, mankhwala ankachita kundikumbutsa okha.

Tsiku lopita linafika. Anasankha malaya a mabatani onyezimira ndi chipewa chawo chachikulu. Ankafunanso nsapato zawo zazitali zachikopa, koma phazi lakufa lija linali lotupa, silinalowe. Ndinatenga mpeni n'kung'amba nsapatoyo kumbuyo, thalauza n'kuphimba. Tinakwera takisi ya anthu a pa njinga.

Ine ndinkaganiza kuti ku wayilesi kumakhala piringupiringu. Tinapeza zipinda zopanda anthu, magetsi ang'onoang'ono akuphethira okha, nyimbo ikumveka pamene pa mpando palibe munthu. Anatilandira ndi mtsikana wina waulemu, wa msinkhu wa Tamanda, amene dzina la a Dale anachita kuliwerenga pa foni yake. Anatilowetsa m'kachipinda, nawaveka zomvera m'makutu. Chipewa chinayenera kuvulidwa, ndipo ndinachigwirizira ine.

Ulendo woyamba mawu sanatuluke. Wachiwiri anafika pakati n'kutsamwa. Mtsikanayo anayang'ana wotchi ya pakhoma. Ndinagwada pambali pa njinga, ndinawapukuta pakamwa, n'kuwauza kuti ayerekeze kuti ndi supuni ija. Anapuma kwambiri, nayamba. Anafika mpaka kumapeto. Mawuwo anali olemera, okokeka, koma munthu womvetsera akanamva lililonse. Mtsikana uja anati zakhala bwino kwambiri. Pobwerera m'takisi madala ankaimba chamumtima njira yonse, ndipo anandiuza kuti tiime tigule ayisikilimu ngakhale kunja kunali kozizira.

Tsiku lomaliza la wayilesiyo tinakhala m'khitchini kuyambira m'mawa. Mai Tembo anapempha tchuthi kuntchito kuti adzamvere nafe, ndipo anabwera ndi zitumbuwa. Karen anali pa foni. Kwa nthawi yoyamba m'zaka zambiri anaika nyimbo zakale zija, ndipo madala ankatchula woimba nyimbo isanafike n'komwe pa mawu. Pakati pa nyimbo ankaulutsa mawu a aulutsi akale, wina pambuyo pa mnzake. Aliyense akayamba, a Dale ankadzutsa mutu. Ena ankawadziwa, ankati uyu anali chidakwa, uyu ndinamuphunzitsa ndine.

Dzuwa linakwera. Anali atalengeza kuti zonse zitha masana enieni. Nthawi itatsala pang'ono, tinamva mawu a mnyamata wina wansangala, othamanga ngati madzi, akutsatsa matayala a m'nyengo yozizira. Mai Tembo anafunsa kuti ameneyo ndani. Anali a Dale, mawu awo a kalekale amene anawapeza pa tepi ina. Sanathe ngakhale kumaliza chiganizo, anawadula n'kuika nyimbo. Tinadikirabe. Nyimbo ija itatha kunangoti zii kanthawi kochepa, kenaka mayi wina anayamba kufotokoza za magalimoto amene athithikana pa msewu waukulu wopita ku Toronto.

Karen anayamba kulira pa foni, nati awaimbira a ku wayilesiko awafunse. Madala anapukusa mutu. Anandilozera wayilesi kuti ndizimitse, ndipo ndinazimitsa. Mai Tembo anasonkhanitsa makapu mwakachetechete n'kutuluka panja.

"Dalaivala," anatero a Dale, pang'onopang'ono kuti ndimve. "Pita kwanu anthu akadali kukudziwa."

Ndinawayankha kuti mapepala atsala pang'ono kutuluka.

Kuchokera pamenepo anayamba kufooka. Phala ankangolawa, ku paki anakana, ndipo nkhani za kale zinatha. Chisanu chisanathe anagwa kubafa ndili nawo, ndipo msana wanga sunathe kuwadzutsa, mpaka ndinaitana ambulansi. Karen anabwera, nawapezera malo ku nyumba yosungira okalamba, kanyumba kaja n'kukaika pa malonda. Malekodi anayesa kuwapereka ku koleji ndi kwa ogulitsa zinthu zakale. Anasankhamo ochepa, otsalawo anati alibe malo. Ndinawanyamula ndekha kuchokera ku besimenti, katoni ndi katoni, kukaponya mu chibini chachikulu chimene anachiimika pakhomo. Karen anandiuza kuti nditengeko amene ndikufuna, koma ndinalibe choimbira, ndiponso ndinalibe kowasunga.

Ndinabwerera ku Etobicoke, ku besimenti ina, pakati pa anyamata atsopano amene ankanditchula kuti ankolo. Patapita miyezi loya anandiitana ku ofesi kwake, nandiuza kuti njira zonse zatsekeka. Ndisananyamuke ndinapita kukawaona madala. Ndinawapeza atawaika pa mzere ndi nkhalamba zina kutsogolo kwa kanema. Ndinawauza kuti ndikupita kwathu. Anandiyang'ana, nandigwira chala, koma sindikudziwa ngati anandizindikira.

Nyumba ya ku Machinjiri ndi yabwino, yoposa mmene inkaonekera pa zithunzi. Esinati anandilandira ndi ulemu wonse. Anandiphera nkhuku, amandigwadira popereka madzi, amandifunsa ngati ndagona bwino. Ndi ulemu umene munthu amapereka kwa mlendo wochokera kutali. Ali ndi geni yake ya zitenje mu Limbe, ali ndi anzake a kumvano, ndipo makiyi a nyumba yonse amadziwa ndi iye. Zinthu zikavuta pakhomo, iye ndi Yamikani amakambirana m'khitchini, ine ndimamva zitatha. Mwana wa Tamanda akandiona amabisala kumbuyo kwa mayi ake. Sabata yachiwiri nditafika, Yamikani, amene tsopano ndi wamtali kundiposa, anandipeza pakhonde n'kundifunsa mwaulemu ndithu:

"Adadi, ndiye mubwerera liti?"

Ndinamuuza kuti sindibwereranso. Anati, "Oho," n'kuyang'ana pa foni yake.

Mvula itayamba kugwa chaka chathachi, Karen anandiimbira. Anati bambo ake amwalira m'tulo, ndipo awotcha kale thupi monga amachitira kumeneko. Pa mwambo panali iye, mwamuna wake, Mai Tembo ndi nesi mmodzi. Anandithokoza, ine ndinamupepesa, foni n'kuduka.

Esinati anali pabalaza akulongedza zitenje m'chikwama kuti apite ku Limbe. Ndinamuuza kuti mnzanga wamwalira.

"Pepani, bambo a Tamanda," anatero. "Anali wa kuti?"

"Wa ku Oshawa. Madala aja ndinkawasamala."

"Oho, mzungu uja. Pepani ndithu."

Anamaliza kulongedza, nandiuza kuti ndiwo zili pa mbaula, n'kutuluka kukakwera minibasi. Ndinatulutsa mpando pakhonde n'kukhala pamenepo monga timakhalira pa siwa. Anthu ankadutsa mumsewu, ena ankandipatsa moni, ine n'kumayankha. Palibe amene anadziwa kuti pakhomopo pali maliro.